Killion mu Kanema wa Boma

Thokozani anaika laputopu pampando pakhonde la mayi Fyness ku Bandawe, nkhuku zikujompha chinangwa chimene chinayanikidwa pabwalo. Iye anali mphunzitsi wochokera ku Dedza, ndipo ankakonda kudula akanema akale a boma, a nthawi ya chipani chimodzi. Nyimbo zotamanda anachotsamo, zithunzi n'kuzichedwetsa, kuti anthu aone zimene kamera inajambula mwangozi. Loweruka amafuna kukaonetsa kusukulu, koma wina anamutsina khutu kuti ayambe wafika pakhomo pano.

Mu kanemamo, amayi ovala nsalu zofanana anayamba kuvina popanda phokoso. Kenaka m'mphepete munatulukira mnyamata wa chipani, wa malaya ofiira, akukwapula mayi amene anatsalira pamzere. Thokozani anali atabwereza malo amenewo kambirimbiri.

"Imitsani, ada," anatero mayi Fyness. "Ndi a Killion awo. Amuna anga."

Thokozani anaimitsa kanemayo. Nkhope imene iye anaisankha kuti iimire nkhanza za boma lonse inali ndi mwini wake.

"Pepani amayi, sindimadziwa. Ndiwabisa nkhope."

"Mubisire ndani? Kuno amawadziwa ndi mayendedwe omwe. Chakomera mbuzi kugunda galu, ankatero anthu titasintha boma. Pamaliro awo panabwera anthu ochepa."

A Killion anamira panyanja kalekale, osasiya chithunzi ngakhale chimodzi. Ana anapita ku Joni, ndipo a kumpingo ankangopereka moni ali pamsewu. Mayiwa anali okha, ndipo kusungulumwa kunali kutawazolowera.

"Ndiye ndidule malo amenewa?" anafunsa Thokozani.

Mayi Fyness analoza pa laputopu.

"Amene akukwapulidwawo ndi a Winnie, apaseli apa. Akanali moyo. Zaka zonsezi ndakhala ndikuwakanira kuti a Killion sanawakhudze. Kaonetseni momwemo. Koma ine sindibwera."

Thokozani anagwira laputopu kuti atseke.

"Dikirani. Bwezani pamene akutembenuka paja. Khutu lawo lija ndinaliiwala."

Iye anabweza. Mayi Fyness anasendera pafupi, napukuta galasi la laputopu ndi nsonga ya chitenje. Anaonerera amuna awo akukweza ndodo, maso ali pakhutu lopindika lija, ndipo zitatha anapempha kuti abwezenso.