Chitseko cha Carlota

Nkhondo itatha, Carlota anabwerako ku Zambia n'kupeza nyumba yake ya ku Kamphande, kufupi ndi Chiputo, yatsala zipupa zokha. Denga sanalidandaule, udzu umamera. Chinamuwawa ndi chitseko cha mlombwa chimene malemu mwamuna wake Aníbal anapala ndi manja ake. Sanachifunefune nthawi yaitali. Anachiona pakhomo pa Marcelino, bambo amene anayamba kubwerera kumudziko.

"Ichi n'changa, bambo."

"Ndinachitola kuthengo, mayi, chiswe chitayamba kale kuchilawa. Munali kuti inu?"

Nkhani inapita ku tribunali, bwalo la milandu la m'deralo, kanyumba ka njerwa komwe nakonso nkhondo inakasiya kopanda kanthu. Juwizi wake, woweruza wa pamenepo, anali a Lourenço, munthu wofatsa wosafuna kukhumudwitsa aliyense. Anamva mbali zonse, n'kulamula kuti chitseko chisungidwe ndi bwalo ngati umboni mpaka mlandu utagamulidwa. Poti panalibe pochisungira, anachiika pakhomo pa tribunali. Chinakwana ngati anachita kuyeza.

Kuyambira pamenepo mlandu sunayendenso. Carlota akabwera, ankamva kuti mboni yapita kokumba golide ku Fíngoè. Akabweranso, akuti mtsinje wadzaza. Ulendo wina a Lourenço anangoti mutu ukuwawa, akunena atatsamira chitseko chomwecho. Dzinja linapita, lina n'kubwera. Carlota anamanga nyumba ina n'kumatseka ndi bango.

Kenako kunafika Dotora Arlete, woweruza wa bwalo lalikulu ku Tete, amene anatumidwa kuyendera mabwalo aang'ono kuti aone chomwe chinkachedwetsa milandu ya minda ndi katundu. Anakwera kamiyau, lole ya katundu, mpaka pomwe msewu unathera, kotsalako wapansi. Anafika nsapato zili m'manja.

A Lourenço anawalandira mwaulemu n'kuwakhazika pampando wabwino wotsamira.

"Tribunali yanu ndi yosamalika," anatero Dotora. "Kwina konseku ndapeza anthu akukhala pamiyala. Boma linakutumizirani liti zimenezi?"

A Lourenço anakhosomola. Panja anthu anali atadzaza, ndipo mayi wina, Zeferina, anasuzumira pazenera.

"Pepani Dotora, musamagwedezeke kwambiri. Mwendo wakumbuyowo ndi wofooka. Mpando wanga umenewo."

"Wanu bwanji?"

"Uli pa mlandu."

Dotora anaimirira n'kuyamba kuloza chimodzichimodzi. Meza, tebulo loweruzirapo, inali pa mlandu. Malata a padenga ankalimbirana abale awiri. Njinga imene a Lourenço ankayendera nayonso inali pa mlandu, ndipo anthu awiri oikanganirawo ankamata matayala mosinthana poopa kuti wopambana angadzalandire chiphakasa.

"Senyoro juwizi, muno muli chiyani chomwe si umboni?"

A Lourenço anayang'ana uku ndi uku. "Ineyo, Dotora."

Dotora anafuna kukalipa koma anayamba watembenukira kukhoma, mapewa akugwedezeka ndi kuseka. Atapukuta m'maso anati, "Sindinabwere kudzakuweruzirani. Muweruza nokha, ine ndikumvetsera, ndipo sindichoka mpaka yonse ithe. Tiyambe ndi chitseko."

"Bwanji tiyambe ndi mpando, Dotora? Chitseko chikachoka mbuzi zilowa."

"Zikalowa zipeza mulibe kanthu."

Mlandu umene unagona zaka unatha dzuwa lisanasunthe. Mboni ya ku golide ija sinafunikenso, chifukwa a Lourenço anakumbukira kuti iwo omwe ndi amene anagwirira thabwa pamene Aníbal ankalipala. Anagamula kuti chitseko n'cha Carlota, koma apereke nkhuku kwa Marcelino pochilanditsa ku chiswe.

Milandu ina inatsatira. Zeferina ananyamula mpando wake pamutu, Dotora n'kusamukira pa njerwa. Meza inatuluka, njinga inapita. Wa malata unali womaliza, ndipo abale aja atangoimirira makwerero ali okonzeka panja, mvula inayamba kugwa yamphamvu. Dotora anayang'ana kudenga, anayang'ana mapepala ake.

"Uwu timva mawa," anatero.

A Lourenço anangowerama n'kumakonza chingwe cha nsapato kwa nthawi yaitali ndithu.

Mawa lake malata anachoka. Asananyamuke, Dotora analamula kuti katundu wa pa mlandu azikhala kwa amene wapezeka naye, ndipo analonjeza kukapempha ku Tete meza ndi mipando ya bwalo. Podikira, a Lourenço ankaweruzira pansi pa mtengo wa mango, pomwe nyerere sizinkalola mlandu kutalika.

Carlota anafika nacho chitseko kwawo n'kupeza kuti khomo la nyumba yatsopanoyo ndi laling'ono. Anachitsamiritsa pakhoma n'kukhala pansi, akusisita malo amene chiswe chinadya. Madzulo Marcelino anatulukira ndi khasu kudzakulitsa khomolo. Anagwira ntchito mpaka chitseko chinalowa, akudandaula kuti nkhuku imene anapatsidwa ndi nthenga zokhazokha.