Ola la Wopenda Nyenyezi

M'mawa umenewo a Dokotala Gokhale, mkulu wa chipatala china ku Nashik m'dziko la India, anaphunzitsa madokotala awo nkhani zakale za milungu ndi ankhondo. Anakamba za akuluakulu a m'bwalo la mfumu amene anangoweramitsa mitu pamene mkazi ankachitidwa chipongwe. "Kuonerera choipa n'kuchichita," anatero. Onse anaomba m'manja, ndipo Sharvari Pendse, dokotala wamng'ono, anawagwira mapazi mwaulemu monga mwa masiku onse.

Sharvari atalowa mu wodi anapeza Manjiri, mayi woyembekezera, ali thukuta kamukamu. Mtima wa mwana m'mimbamo unkagunda mofooka. Opaleshoni inafunika pompo.

Apongozi aamuna a Manjiri, a Deshmukh, anaima pakhomo ngati mlonda. Wopenda nyenyezi anali atawauza kuti mdzukulu wawo abadwe dzuwa litapendeka, chifukwa wam'mawa adzakhala watsoka.

"Mwanawe, ukuthamangira kuti?" anatero. "Nyenyezi unazilenga ndiwe?"

Sharvari anathamangira kwa a Gokhale. "Aphunzitsi, mwanayu safika masana."

"Aa, a Deshmukh ndi anthu olemekezeka, tisawakhumudwitse," anayankha akupemerera tiyi. "Dikira pang'ono. Zotsatira n'za Mulungu."

Pakamwa pomwe paja! Mawu am'mawa anali asanazizire n'komwe. Sharvari anapsa mtima. Munthu kuloweza nkhani yonse, mayina a ankhondo ndi akavalo awo omwe, koma osadziona kuti m'bwalo muja woweramitsa mutu ndi iyeyo!

Anabwerera n'kugwada pambali pa bedi. "Achemwali, thupi ndi lanu, mwana ndi wanu. Tikadikira timutaya. Mukuti bwanji?"

Manjiri anayang'ana kukhomo, kenako anamugwira dzanja. "Mwana wangayu m'tulutseni."

"Ndikuchotsetsa ntchito iwe!" anakuwa a Deshmukh, bedi likuwadutsa kulowera kuchipinda cha opaleshoni.

Mwanayo anatuluka ali lobodo, mchombo utamuzenga pakhosi. Anamupukuta, kumupopa mpweya, iye zii. Kenako anatsokomola n'kulira.

Panja a Gokhale anali atafika, akusisita a Deshmukh paphewa. Sharvari anawadutsa osawerama, mapazi awo osawayang'ana. A Deshmukh sanafunse ngati mdzukulu ali moyo, sanafunse za mpongozi wawo. Anatulutsa foni kuti aimbire wopenda nyenyezi.

"Wabadwa nthawi yanji?" a Deshmukh anafunsa Sharvari.

"Nthawi imene anali akadali moyo, bambo," anatero Sharvari.