Zotumiza ndi Zosunga

Namwino anayala pepala patebulo la mu situdiyo ya bambo ake. Chinali chithunzi cha bambo ake chimene anakachikulitsa kwa osindikiza m'mawawo, koma nkhope yonse inali timabokosi tokhatokha. Maso anali madontho awiri akuda, ndevu zitasakanikirana ndi kolala ya malaya.

"Awa si amuna anga," anatero amayi, n'kulikankha pepalalo ndi chala chimodzi.

Panali patapita masiku asanu chiikire maliro. Bambowo anajambula anthu zaka makumi atatu: maukwati, makanda, ofuna mapasipoti. Koma iwo eni kutsogolo kwa kamera ankathawako ngati kuli njuchi. Chithunzi chawo chimodzi chokhacho anawajambula mnansi mobera, n'kutumiza pa foni chitachepetsedwa kale, ndipo foni ya mnansiyo inatayika chaka chatha. Amayi sankafuna zambiri. Ankangofuna nkhope ya amuna awo yoti apachike pabalaza.

Mchimwene wake wa Namwino, wogulitsa mafoni, anali pa kompyuta ya malemuwo, yakalekale, yolira ngati chigayo. Mwininyumba ankafuna chipinda chake pofika Lachisanu, ndipo wogula kompyutayo anali atalonjeza kubwera masana omwewo. Bambo ankasunga chithunzi chilichonse pawiri. Chaching'ono ankachiika mu foda yolembedwa kuti Zotumiza, chachikulu mu Zosunga.

"Zotumizazi ndaziika kale pa intaneti, achibale onse aziona pa foni," anatero mchimweneyo. "Zosungazi n'zolemera zedi. Chimodzi chikudya malo a ting'onoting'ono makumi asanu. Kuti zonse zikwere tidikira mpaka mwezi wamawa, komanso malo ake sakwana. Ndingozifufuta basi."

"Achimwene, taonani patebulopa chimene chithunzi chochepetsa chimachita."

"Ndi zithunzi zomwezomwezo, iwe. Maukwati a anthu osawadziwa, ukufuna uziwerenga tsitsi lawo limodzilimodzi? Azakhali ukawatumizira chachikulu, bandulo yawo itha chisanatseguke n'komwe."

Apo sananame ayi. Bambo omwe ankanena zimenezo, kuti usamavutitse munthu ndi katundu woti foni yake singanyamule. Komabe Namwino mtima unamuwawa kuona ntchito ya zaka makumi atatu ikuyezedwa ndi bandulo.

"Musanafufute," anatero amayi, "tandionetse cha ukwati wa mlongo wakoyu. Chija cha kuchipinda."

Mchimweneyo anapumira m'mwamba, n'kutsegula chaching'onocho. Pachithunzipo Namwino anali atakhala pampando atavala zoyera, kumbuyo kwake kuli galasi lalitali la wadirobu. Amayi anasendeza mpando, natsinzina diso limodzi.

"Nanga kadontho aka m'galasimu?"

"Ndi chithunzithunzi chabe, amayi." Anakakulitsa, ndipo kanasanduka timabokosi ngati ta papepala paja.

"Tsegula chachikulucho."

Kompyuta inalira, inaganiza, inaliranso. Chithunzi chinatsika pang'onopang'ono kuchokera pamwamba. Mchimweneyo anakulitsa pakona ya galasi kamodzi, kawiri, katatu, chithunzi osasweka. Dzanja lake linaima pa mausi.

Anali bambo. Jekete lawo lotuwa lija, chipsera cha pachipumi, mpata wa pakati pa mano, zonse zili mbee. Kamera sinali kumaso. Anaigwirira pachifuwa, chala chili pabatani, ndipo maso awo sanali pa mkwatibwi ayi. Ankayang'ana cham'mbali, akumwetulira ngati munthu amene waiwala kuti ali pantchito.

"Sunthirani uko akuyang'anako," ananong'ona Namwino.

M'mphepete mwenimweni mwa galasi munali amayi, atagwada, mapini ali kukamwa, akukonza mpendero wa diresi.

"Zaka zonsezi ndinkadandaula kuti munthuyu amangoona anthu ake a m'kamera," anatero amayi. "Tsiku limenelo ndinawakalipira kuti akundipingasa."

Mchimweneyo anadzuka osayang'ana munthu. Manyazi anamugwira, ndipo misozi imene anaibisa pamaliro ponse inamupeza ali pakhomo. Namwino ndi amayi anamumva panja akuuza wogula uja pa foni kuti asavutike kubwera, kompyuta siikugulitsidwanso. Atabwerera anangoti, "Ndikatenga chosungira zithunzi chachikulu kushopu kwanga. Zing'onozing'onozo zikhale za achibale."

Amayi anatsegula dirowa ya tebulo, natulutsa kansalu kachikasu kamene amuna awo ankapukutira kamera. Pagalasi la kompyuta panali fumbi, cha pa tsaya la bambo. Anawerama, nauzirapo mpweya kaye monga ankachitira mwini wake, kenako anayamba kupukuta mozungulira, pang'onopang'ono, kuyambira pakati.