Ntchentche za Tepi Yofiira

Nantchentche anagogoda timabotolo tiwiri patebulo katatu, ntchentche zonse n'kugwera pansi. Kenako anadina wotchi.

Zaka khumi ndi ziwiri anali akugwira ntchito imeneyi mu labu ya pachipatala chachikulu: kuphikira ntchentche za zipatso chakudya cha shuga ndi yisiti, kuzisamutsira m'mabotolo atsopano, kupatula zazimuna ndi zazikazi ndi kabulashi kofewa. Anzake anamutcha Nantchentche, dzinalo n'kumukanirira.

Ntchentche yabwinobwino ukaigwetsa imathamangira m'mwamba. Za m'botolo la tepi yobiriwira zinakwera pagalasi mopikisana. Za tepi yofiira zinkangophiriphitha pansi. Imodzi inakwera pang'ono, miyendo ikunjenjemera, n'kugwa chagada.

Anabwereza kanayi. Chimodzimodzi.

Za tepi yofiirazo sizinali ntchentche wamba. Chaka chathacho Apulofesa, eni kafukufukuyo, anatenga magazi a achimwene ake a Nantchentche, telala amene manja ake anayamba kunjenjemera monga anachitira malemu bambo awo. M'magaziwo anapezamo jini imodzi yosokonekera, kanthu kamene munthu amatengera kwa makolo. Anaiika mu ntchentchezi kuti aone ngati ndiyo gwero la nthendayo.

Chitseko chinatseguka. Apulofesa analowa akumanga mabatani a jasi loyera.

"Lero zakwanitsa masiku makumi awiri ndi limodzi, mayi. Zikuti bwanji?"

"Onani nokha."

Nantchentche anagogodanso. Apulofesa anawerama, magalasi ali pamphuno, n'kuomba m'manja.

"Yagwidwa! Ndi jini yomweyi! Zimene zimatenga zaka makumi anayi mwa munthu, ife taziona m'masabata atatu. Tsopano tiyesa mankhwala, umodziumodzi, mpaka zina zikwere."

Atacheuka anaona nkhope ya mayiyo, kumwetulira kwawo n'kuzima.

"Pepani, mayi. Ndinaiwala kuti n'za kwanu."

"Zikatere zimakhala masiku angati?"

"Ntchentche si munthu."

"Mukamapempha magazi munkati timafanana nazo kwambiri."

Apulofesa anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta.

Linali tsiku la achimwene ake a Nantchentche lokaonana ndi adokotala. Masana anawapeza pabenchi ya m'khonde, ndodo ili pakati pa miyendo, batani la malaya litalowa pabowo lolakwika. Munthu amene kale ankalowetsa ulusi m'singano akucheza, osayang'ana.

"Nantchentche!" anamuitana moseka. "Ana angawo ali bwanji m'mabotolomo? Akufanana ndi bambo wawo?"

"Achimwene, musamaseke zinthu zotere."

"Ndilire? Anthu ankati ndinalodzedwa. Apulofesa ako akuti ndi majini. Nanga si zomwezo? Majini ndi majini basi."

Mlongo wawoyo anakhala pambali n'kuyamba kuwakonzera batanilo.

"Sizikukwera," anatero chapansipansi. "Zayamba lero."

Machira a wodwala anadutsa m'khondemo, tayala limodzi likulira.

"Ndiye kuti n'zoona, zili m'magazi," anatero telalayo.

"Eee. Mwana aliyense wa bambo akhoza kukhala nayo, akhoza osakhala nayo."

Batani lija linkamupulumuka m'zala. Analigwira kachiwiri, kachitatu. Achimwene ake sankayang'ana batani, ankayang'ana chala chake chachikulu.

"Chayamba liti chimenecho?"

"Chiyani?"

"Usandiyese mwana, mlongo wanga. Ine chinandiyamba chomwechi, chala chomwechi. Ndinkati n'kutopa. Mpaka tsiku lina sizasi inandidyera nsalu ya ukwati wa eni."

"N'kutopa kumene. Tsiku lonse kabulashi kali m'manja."

"Chakudza sichiimba ng'oma."

Nantchentche anabisa dzanjalo m'thumba la jasi. Miyezi iwiri tsopano ankasankha ntchentche atatsamiritsa chigongono patebulo kuti wina asaone. Lachiwiri anagwetsa botolo, n'kunamizira kuti linali lonyowa.

"Iwenso anakutenga magazi tsiku lomwe lija," anatero telalayo. "Zotsatira zako zili kuti?"

"Mu ofesi mwa Apulofesa. Ndinawauza kuti asandiuze."

"Ukanakhala wekha ndikanati zisiye. Koma mwana wako uja ndamva akukamba za ukwati. Akufuna ana anayi, ati. Bambo athu sankadziwa, sitingawaimbe mlandu. Iwe udzati chiyani?"

"Ndikadziwa ndiye ndichira?"

"Ayi. Koma wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko."

Namwino anasuzumira pakhomo n'kuitana nambala yawo. Telalayo anadzuka movutikira, akukana kugwiridwa, n'kulowa akukhwekhwereza phazi lamanzere.

Nantchentche anakhalabe pabenchipo kanthawi. Anatulutsa dzanja lija, n'kuliika pabondo, n'kulilamula mumtima kuti likhale bata. Chala chinagwedezeka chokha, pang'onopang'ono, ngati chikuwerenga kanthu.

Anakwera masitepe kubwerera ku labu, koma sanalowemo. Anapitirira mpaka kuchitseko chakumapeto, cha ofesi ya Apulofesa, n'kugogoda.

"Lowani. Aa, mayi, khalani pansi."

"Ndabwerera envelopu yanga."

Apulofesa anatsegula kabati, n'kuitulutsa pansi pa mafayilo.

"Mukufuna titsegule panopa? Ndiitane mlangizi akhale nafe?"

"Muwaitane mawa mmawa. Ndibwera ndi mwana wanga, amve ndi makutu ake."

Anailandira ndi manja awiri, pepalalo likulira phephephe, ndipo anaona kuti Apulofesa aona.