Pepala la Alamu

Kalipentala uja sankakhulupirira munthu. Ngakhale thabwa logula kwa mnzake ankayamba walinunkhiza. Ndiye khoti laling'ono litagamula kuti shedi yomwe wakhala akupaliramo matabwa zaka makumi awiri ndi ya mlamu wake, mwamuna wa malemu mlongo wake, iye anangoti apa pali chinachake, n'kukachita apilo.

Ku ofesi ya khoti lalikulu, kalaliki anadinda mapepala atatu ofanana. Limodzi anaika m'fayilo, awiri n'kumubwezera.

"Ili ndi lanu, bambo. Linali mukapereke kwa amene mukutsutsana nawo pasanathe masiku khumi ndi anayi. Akasayine apa kuti alandira, posayinapo mubweretse kuno."

"Ndikawapatse mfundo zanga zonse? Awerenge?"

"Ndi momwe zimayendera."

Kalipentala anamuyang'ana kalalikiyo kuchokera kumutu mpaka kumapazi. Nsapato zake zinali zatsopano, zonyezimira. Wamugulira ndani? Nanga akumwetuliranji? Atafika kushedi, pepala la mlamulo analipinda kanayi, n'kulitsekera m'bokosi la zida, pansi pa sowo.

"Bambo ake a mwana, kaperekeni pepala lija," anatero mkazi wake sabata itatha. "Alamu anuwo nyumba yawo si iyi? Kapena ndikapereke ndine?"

"Nawenso akutuma? Mdani sumuonetsa pomwe wabisa nkhwangwa."

Kalipentala ndiye ankanyadira, poona mlamu wake akusuzumira pampanda m'mawa uliwonse ngati munthu wodikira alendo. Msiyeni awonde, ankatero mumtima.

Tsiku la mlandu anavala jekete, mfundo zonse zisanu zili pamtima. Sanatchule ngakhale imodzi. Woweruza anatsegula fayilo, n'kufunsa umboni woti mbali inayo inalandira pepala.

"Ndinalisunga bwino, bwana, kuti asandibere nzeru."

"Kalaliki anakuuzani zoti mukapereke?"

"Anandiuza, koma ameneyo ndinamukayikira."

Woweruza anavula magalasi. Anati akanakhala munthu amene sanauzidwe zopereka pepala likanakhala vuto lina, koma wouzidwa n'kukana dala sangamuwonjezere masiku. Apilo yathetsedwa, chigamulo choyamba chikhale momwemo. Nkhani yonse sinathe ndi mphindi khumi zomwe.

Pakhonde, mlamu uja anamuyandikira atagwira chipewa m'manja.

"Alamu, mfundo zanu ndinaziwerenga kalekale. Fayilo ili ku ofesi, aliyense wa pamlandu akapempha amamuonetsa."

Kalipentala anaweramitsa mutu. Manyazi anamugwira, mtima ukuwawa.

"Yachitatu ija, yoti apongozi anga anakugawirani malowo asanamange mpanda, inandithetsa nzeru. Loya wanga anati mukangoitchula pamaso pa woweruza, shedi yabwerera kwa inu. M'mawa uliwonse ndinkayang'ana pampanda, kuopa kuti mukubwera nalo pepalalo." Anavala chipewa chake. "Zida zanu mutulutse pofika Lachisanu. Kiyi mungosiya pazenera."