Kimchi Wotsuka

Ditte anali ndi zaka makumi anayi ndi ziwiri pamene anasowa chophikira amayi ake awiri.

Oyamba anali mayi Gunvor, amene anamulandira ali khanda la miyezi isanu lochokera ku Koreya, n'kumulera mumzinda wa Aarhus, ku Denmark kuno. Achiwiri anali mayi Gye-sun, omubala, amene Ditte anawapeza chaka chatha atafufuza kwa nthawi yaitali. Sabata imeneyo n'kuti atabwera koyamba kudzamuona, ndipo Loweruka masana amayi awiriwa anali oti akumane patebulo pake.

Anaganiza zoyamba ndi tizakudya tolawa, toti aliyense apezepo kwawo. Pansi tizidutswa ta buledi wakuda ndi nsomba yowamba imene mayi Gunvor amaifera, pamwamba kimchi, kabichi wowawasa watsabola uja, amene mayi Gye-sun anabwera naye m'chigubu. Koma adokotala anali atawaletsa mayi Gunvor mchere ndi zamafuta. Batala anamusiya, n'kupaka yogati. Anadula nkhaka ndi apulo mopyapyala. Atalawa kimchi, mchere unamuluma lilime. Anatunga madzi m'mbale n'kuyamba kutsuka tsamba limodzilimodzi.

Mayi Gye-sun, amene anakhala pampando kumuyang'ana, anadzambatuka n'kumugwira dzanja. Anayankhula mofulumira, akuloza mbaleyo. Ditte Chikoreya sankachimva, iwonso Chidanishi ayi. Ankadalira foni yomasulira, imene nthawi zina inkanena zakezake.

"Mwana ali kuti?" inatero foniyo.

"Mwana uti? Ine ndilibe mwana. Uyu ndi wa amayi."

Foni itamasulira, mayi Gye-sun anadziloza pachifuwa, nkhope itakwinyika.

"Ine mano ndili nawo onse," inatero foni.

"Ayi, si inuyo. Amayi enawo."

"Ena angati?"

Nthawi yomweyo belu linalira. Analowa mayi Gunvor, maluwa ali m'manja. Anatambasula dzanja kuti apereke moni, pamene anzawo anali atawerama kale, dzanjalo n'kutsala lili m'malere. Mayi Gunvor nawo anawerama, mochedwa, anzawo atatambasula lawo. Kenaka mayi Gye-sun anayankhulanso, akuloza mbale ija.

"Akuti chiyani?" anafunsa mayi Gunvor.

"Akufunsa za mwana."

"Mwana? Ditte, uli ndi pakati? Pamsinkhu umenewu? Ine n'kukhala womaliza kumva?"

"Amayi, chonde, ndilibe pakati! Ndikungotsuka kabichi."

"Nanga kabichi wa eni ake ukumutsukiranji? Akuona ngati ukuti ndi wauve."

"Ndi chifukwa cha mtima wanu uja!"

"Mtima wanga usauike m'mbale za alendo."

Ditte anayang'ana madzi ofiira aja, mutu utaima. Kodi wanyoza? Kodi kwawoko kutsuka kimchi n'kutukwana? Anafuna kupepesa, koma osadziwa kuti apepese ndani, ndipo chifukwa cha chiyani.

Mayi Gye-sun anamulanda foni ija. Anaiyandikiza pakamwa n'kuyankhula pang'onopang'ono, ngati akuuza munthu wogontha. Kenaka anaiika patebulo.

"Kwathu kimchi timatsukira ana aang'ono, akamayamba kudya, kuti tsabola asawawawe. Azichimwene ako awiri ndinawatsukira. Iwe sindinakutsukirepo."

Mayi Gye-sun anapinda manja a bulauzi, anatola tsamba limodzi, kulizunguza m'madzi, kuling'amba ndi zala, n'kulifikitsa pamilomo ya Ditte. Iye anayang'ana kaye mayi Gunvor.

"Ukundiyang'ana chiyani? Yasama, iwe," anatero mayi Gunvor, akupukuta magalasi awo ndi nsonga ya juzi.

Ditte anayasama. Kabichiyo anali wozizira, wowawasa pang'ono, wosawawa. Anatafuna nthawi yaitali, osadziwa ngati alire kapena athokoze, ndipo pomaliza anangoti, "Mchere wachepadi."

Atakhala patebulo zinthu sizinalongosoke. Madzi a kimchi anali atanyowetsa buledi. Mayi Gunvor anadya ndi mpeni ndi foloko monga mwa masiku onse, koma Ditte atangotembenuka anapisa foloko m'chigubu cha kimchi wosatsuka, n'kutsokomola mpaka misozi. Mayi Gye-sun anatola nsomba, nkhaka ndi kimchi ndi timitengo tawo todyera, buledi n'kumusiya mbee, tizidutswa tonse titasanjidwa bwinobwino pambali.

"Sanamukonde?" ananong'ona mayi Gunvor.

Ditte anafunsa kudzera pa foni. Mayi Gye-sun anadabwa, ananyamula kachidutswa kamodzi n'kukagogoda ndi chala.

"Timbale timeneti timadyedwanso?"

Analuma pang'ono, anatafuna, anameza movutikira, n'kugwedeza mutu mwaulemu. Kenaka anafunsa ngati m'nyumbamo muli mpunga.

Mpunga unalimo, paketi yosatsegula. Ditte anaimirira ndi poto pa sinki, osadziwa kuti athire madzi ochuluka bwanji, uku kumbuyo kwake mayi Gunvor akukuwira foni kuti iwafunsire anzawo ngati amamwa khofi.