Laimu wa Hagga Insaf

Nagwa ndinayamba kugwira naye ntchito akunyamula zitini za penti, ine ndili kale kalipentala. Ndiye atapatsidwa filimu yake yoyamba monga mkulu wokonza malo ojambulira, tonse tinkamupempherera, chifukwa bwana Medhat, wotsogolera filimuyo, sapereka mwayi kawiri.

Nkhaniyo inkafuna nyumba ya munthu wotayika m'moyo. Tinachita lendi chipinda cha mayi wina, Hagga Insaf, kudera la Shubra, choyera ngati chipatala. Nagwa anachidetsa sabata yathunthu: tiyi pakhoma, mwaye kudenga, mafuta pamalo otsamira mutu. Ntchito yosiririka, ndikuuzani!

Tsiku lojambula, titsegule chitseko, mayo ine! Makoma ali mbee, laimu akununkha, Hagga ali pakati kumwetulira.

"Lowani ana anga. Anyamata anga apaka dzulo mutachoka."

"Mayi, mwandipha!" anakuwa Nagwa.

"Ndakupha? Dziko lonse lidzaonere nyumba yanga ili choncho? Akazi a mumsewu muno aziti Insaf sadziwa tsache? Bola kufa."

"Koma mufilimumo si yanu, ndi ya chidakwa!"

"Chidakwa? Muno? Ine munthu wopita ku Maka?"

Bwana Medhat analowa, nayang'ana makoma, nayang'ana Nagwa. "Masana ano ndijambule nyumba yakuda. Apo ayi, ndiitana wina."

Tiyi sagwira pa laimu wauwisi, aliyense amadziwa. Ndinamumvera chisoni mwanayo, misozi ili lengelenge. Kenaka anapukuta m'maso. "Pakirani makamera. Malo ena ndili nawo."

Masitepe amene tinakwera ndinawazindikira, ndinakwezapo kabati ya Nagwa chaka chatha, popita nayo kuchipinda chake. Ndinaluma mlomo.

Bwana Medhat anazungulira chipindacho pakamwa pali yasa. "Mtsikana iwe ndiwe katswiri! Unakonza liti zimenezi? Taonani mbale izi, nkhungu ngati yeniyeni! Nanga mulu wa zovalawu!"

"Ndimakonzeratu, bwana," anatero Nagwa, maso ali pansi.

Filimu itatuluka, Nagwa anaitana amayi ake kuti adzaone dzina lake pachinsalu. Anakhala patsogolo panga atavala zatsopano, akugawira anthu njere zokazinga. Chipinda chija chitaoneka anasiya kutafuna.

"Haa, kuli anthu osaleredwa," ananong'ona. "Ameneyu alibe make?"

Kamera inatembenukira kuwindo.

"Nagwa."

"Mayi."

"Katani uyo ndinasoka ndine."

Potuluka, bwana Medhat anawathamangira, nawagwira dzanja ndi manja awiri. "Mayi, nyadirani! Filimu yotsatira ndi yakenso. Nyansi zonse mwaona zija ndi ntchito ya manja ake."

"Ndikudziwa, bambo," anayankha amayiwo. "Ndinamubereka ndine."